Makalata Atatu a Nyumba Nambala 4

Lolemba, 2 Juni 2025

Samani yafika lero cha m'ma 10 koloko. Wabwera nayo ndi mesenjala wa kukhoti, bambo wamfupi wa jekete lalikulu. Anawerenga dzina langa mokweza ali pakhomo, anthu awiri amene amadikira makiyi n'kutembenuka onse kundiyang'ana. Ndasayina, siginecha yake ngati ya munthu wina.

Lachinayi la sabata yamawa, pa 12, 9 koloko m'mawa. Ndikakhale mboni pa mlandu wa mayi Ezelina ndi kampani yathu.

Akuti kukhoti amayamba n'kufunsa dzina ndi ntchito. Ndiyeserere pano pomwe palibe wondiona. Ndine Lefina Mchenga, zaka 26. Ndimagwira ntchito ku Tsinde Properties, kampani yoyang'anira nyumba za lendi pano pa Kasungu Boma. Eni nyumba amatisiyira makiyi, ife n'kumapeza anthu olowamo, kutolera lendi, ndi kukonza zikawonongeka. Kukonzako kuli pa chikwangwani pokha. Ine ndimakhala pa tebulo la pakhomo: foni, chidindo, ndi buku lolembamo makalata obwera.

Mpaka apa ndikutha. Zotsatirazi ndiye.

Mayi Ezelina amagulitsa tomato mumsika. Ankakhala ku Chankhanga, mu mdadada wa a Haidari, nyumba zisanu ndi imodzi zogundana, yawo nambala 4. Khoma la kuchipinda lidachita mng'alu. Adabwera ndi kalata mu Novembala. Adabweranso mu Disembala. Ya mu Januwale adabwera nayo mvula ikuwanyowetsa, ataikulunga m'pepala la shuga. Pa 9 Febuluwale khomalo lidagwa, n'kupsinja mwendo wa mwana wawo Feliya, wa zaka zisanu ndi ziwiri. Makope awo a makalatawo amene ndidawadindira adathera m'matope pansi pa njerwa.

Kampani ikuti sidalandirepo dandaulo lililonse.

Makalata atatu onsewo adalandira ndine. Adalemba m'buku ndine. Adakaika pa tebulo la a Moffat, bwana wathu, ndine.

Lachiwiri, 3 Juni

A Moffat andiitanira mu ofesi mwawo, n'kundipatsa mpando. Zaka ziwiri ndili pano sindidakhalepo pa mpando umenewo. Anaitanitsanso tiyi wamkaka. Masiku onse ndine "iwe Lefina", lero ndinali "inu achemwali".

"Achemwali, pa tsiku pamabwera anthu angati pa tebulo lanu paja?"

Ndati mwina makumi awiri, mwina atatu.

"Ndiye miyezi isanu ndi iwiri yapitayo mungakumbukire kuti uje adabwera ndi pepala kapena adangodutsa kudzapereka moni? Munthu amaiwala. Kuiwala si mlandu."

Ndafunsa za buku. Ati lidasowa nthawi imene timapenta ofesi. Buku lija adalitenga okha mawa lake khoma litagwa, adalikulunga m'nyuzi n'kukaliika m'galimoto. Ndidawaonera pawindo.

Tiyi ndinamusiya. Ati, "Imwani asanazizire." Ndamwa.

Ndikutuluka anati, "Nyumba ija mukukhalamo bwino? Siikudontha? Mng'ono wanu paja akulemba mayeso mwezi wamawa, eti? Mwana wa mayeso safunika kumusamutsasamutsa."

Nyumba tikukhalayi ndi ya kampani yomweyi, adandipatsa ngati wantchito wawo. Thandizo, mng'ono wanga, ayamba mayeso a Fomu 4 kumayambiriro kwa Julayi. Sindikukumbukira kuti ndidawauzapo zimenezo.

Lachitatu, 4 Juni

Ndimafufuta zinthu zakale mufoni kuti mupezeke malo, ndiye ndaupeza. Pa WhatsApp, 14 Januwale. Ine: "Bwana, mayi a nambala 4 abweranso ndi kalata ya khoma lija, akuti tsopano zala zikulowa." Iwo: "Auze mvula ikatha."

Ndazimitsa foni ngati yandiluma. Ndayatsanso. Uthenga ulipobe.

Lachinayi, 5 Juni

A Moffat nawonso aukumbukira uthenga uja.

Nthawi ya nkhomaliro anzanga onse atatuluka, a M. anabwera pa tebulo langa. "Tandibwerekani foni yanu, yanga yatha moto." Yawo inali m'thumba la malaya, ikuwala. Ndinaiona, nawonso anaona kuti ndaiona.

Ndinatsegula ndekha, ndi chala changa, n'kuwapatsa. Anaima pomwepo akusuntha chala pang'onopang'ono, ine ndikuyang'ana kalendala pakhoma ngati ndikufunapo tsiku. Sanayerekeze n'komwe zoimbira munthu. Pobweza anati zikomo kwambiri. Zonse zimene tidalemberana pa zaka ziwiri azifufuta, mpaka za pepala la makina osindikizira.

Dzulo ndinali ndi tsiku lonse loti ndiutumize kwa Thandizo kapena kuujambula. Ndinaganizapo, ndisaname. Ndinaopa kuti ukadzapezeka m'foni ina adzadziwa kuti wachokera kwa ine. Lero palibe buku, palibe uthenga. Kwatsala pakamwa panga pokha.

Lachisanu, 6 Juni

Kwabwera loya wa kampani kuchokera ku Lilongwe. Wamtali, suti yotuwa, mafuta onunkhira mpaka pakhonde. Anali ndi pepala la Chingerezi, masamba awiri, dzina langa lili kale pamwamba. Ndime yachisanu: kuti pa nthawi yonse imene ndagwira ntchito pa tebulo la pakhomo sindidalandirepo kalata yokhudza nyumba nambala 4.

Ndinapempha kuti ndilitenge ndikaliwerengere kunyumba. Anaseka pang'ono. "Palibe chovuta apa, mayi. Ndi zomwe mudawauza kale a Moffat."

Sindidawauze. Koma zimenezi ndinangozinena mumtima.

A M. anaima kumbuyo kwa mpando wanga. Ndimangomva akupuma. Cholembera chinali cholemera, chachitsulo. Ndasayina. Loya uja anadinda chidindo chake, n'kusayina pansi panga.

"Tsopano mwalumbira. Lachinayi mukangobwereza zomwezi, mphindi khumi mwatuluka. Koma musakasinthe mawu. Kusintha mawu olumbira ndi nkhani ya apolisi."

Ndinakasanza kuseri kwa ofesi, pafupi ndi mpope. Mlonda anandifunsa ngati ndi malungo. Ndati eya.

Loweruka, 7 Juni

Ndapita ku Santhe kwa abambo. Minibasi, kenako kabaza mpaka ku esiteti komwe akulima fodya chaka chino. Msewu wonse malole a mabelo opita ku okushoni, fumbi lokhalokha, mphepo ikulowa mpaka m'mafupa.

Ndinawapeza m'chigafa akusankha fodya wotsiriza, atamanga kansalu pamphuno. Ndinakhala pa belo n'kufotokoza zonse. Manja awo sanasiye ntchito: tsamba uku, tsamba uko.

"Wasayina?"

"Eya."

"Ndiye wabwera kudzafunsa chiyani?"

Ndati sindikudziwa.

Anavula kansalu kaja. "Ine utenanti ndauchita pa maesiteti anayi. Sikelo ya bwana ndimaiona kuti ikunama, chaka ndi chaka. Ndimangoti zikomo bwana. N'chifukwa chake iwe udamaliza sukulu, ukukhala mu ofesi. Amene adalankhula chaka chija kumtunda kuja, katundu wawo tidamuona pamsewu, ana atakhala pamwamba pa mphasa. Mlandu ndi wa eni ake. Iwe usauike pamutu pako."

Sanalankhule mokalipa. Akadakalipa bwenzi ndili ndi choyankha.

Amayi anali pakhomo pa chigafa akusenda mtedza, sanalowererepo. Pobwerera anandiperekeza mpaka pa msewu waukulu. Tayenda, tayenda, kenako anati, "Mwanayo ndi wamkazi?"

"Eya."

"Wa zaka zingati?"

"Zisanu ndi ziwiri."

Basi. Sanafunsenso china. Anamasula mtedza pa ngodya ya chitenje n'kundithirira m'chikwama, anaima mpaka kabaza atakhota.

Lamulungu, 8 Juni

Kutchalitchi ndinapita, koma sindingathe kunena kuti kunalalikidwa zotani.

Masana Thandizo amachapa yunifolomu, ine ndikutsuka mbale imodzimodzi. Anati, "Asisi, mbaleyo mwaitsuka katatu. Chavuta n'chiyani?" Ndinamuuza. Ndimaganiza kuti mwana wa sukulu andiuza zonena zoona, ndiye ine ndidzimuuza kuti moyo si choncho. Zinatembenuka.

"Mukalankhula, mwendo wa mwanayo ubwerera?"

"Ayi."

"Nanga ine ndikawerengera kuti? Pansi pa mtengo? Kapena ndibwerere ku chigafa? Dikirani ndimalize, Ogasiti mukanene zonse zimene mukufuna."

"Khoti silidikira Ogasiti."

"Zaka zisanu, asisi. Kwatsala masabata atatu."

Analira manja ali m'thovu, osapukuta misozi. Sindingamuimbe mlandu. Adabwereza kale Fomu 2 chaka chimene abambo adasamutsidwa pakati pa temu.

Lolemba, 9 Juni

A Haidari, eni mdadada wa ku Chankhanga, abwera ku ofesi a M. atapita ku banki. Ndikuganiza kuti anachita kudikira galimoto ichoke. Ndi bambo wachikulire, mkanjo woyera ndi kachisoti, ali ndi sitolo ya feteleza ndi zipangizo za njinga pa Santhe. Nawonso ali pa mlanduwu ngati eni nyumba.

Anakhala pa benchi ya alendo, osati pa mpando.

"Mwana wanga, a Moffat ndawafunsa katatu. Iwe ndikufunsa kamodzi. Mayi aja adabweretsa kalata?"

Ndati sindikukumbukira. Aka n'koyamba kuwatulutsa mawu amenewa pamaso pa munthu. Anatuluka mosavuta, ndipo zimenezi zandiopsa kuposa samani.

Anandiyang'ana, kenako anayang'ana pansi. "Chabwino."

Ndimati anyamuka, koma ayi. "Mwezi ndi mwezi ndimaimba foni, nyumba zili bwanji? Amati zili bwino, bambo. Ndikadadziwa, simenti ili m'sitolo mwanga momwe. Mwanayo ndidakamuona kuchipatala. Mwendo atauimika ndi zitsulo, koma adandipatsa moni ndi manja awiri."

Ndinayamba kusanja ma envulopu amene anali osanja kale.

Ali pakhomo anatembenuka. "Ndikuuze chinthu chimodzi, chifukwa bambo ako amagula kwa ine. A Moffat andiuza kuti ngati kalata idafikadi, ndiye idathera pa tebulo lakolo. Akuti mtsikana wa pakhomo ndi wosasamala, amataya mapepala, akungomusunga chifukwa cha chisoni. Loya wawo anali pomwepo, analemba."

Ndiye kuti zikayenda bwino, ndine mboni yawo. Zikavuta, ndine amene ndidagwetsa khoma.

Tsiku lonse foni ikalira ndimadzidzimuka.

Lachiwiri, 10 Juni

Andituma ku Chankhanga kukagawa mapepala. Pepala lililonse likuti wokhala m'nyumba za kampani asalankhule ndi munthu wachilendo za mlandu, wotero waphwanya mgwirizano wa lendi. Bwanji atuma ine, anthu oyenda panja alipo? Mwina kuti andione kuti ndili mbali iti.

Chigwere khoma sindidafikeko. Nambala 4 adaimanganso msangamsanga, muli kale munthu wina, makatani ofiira. Ndinalowetsa pepala pansi pa chitseko n'kudutsa mofulumira.

Pa nambala 5 pali mayi Patuma, ali ndi khanda la miyezi inayi. Pepala sanaliwerenge. Anandigwira pamkono n'kundikokera kuchipinda. "Bwerani muone, inu a ku ofesi."

Khoma logundana ndi nambala 4. Kampani idalipaka penti yobiriwira mu Malichi. Mayi Patuma anakankha bedi ndi bondo. Mzere wakuda kuchokera ku denga mpaka pansi, wokhotakhota. Anatenga mpeni wa ndiwo n'kuulowetsa, unalowa wonse mpaka chogwirira.

"Adangomata pamwamba. Mvula ikubwerayi tidzagona kuti? Ndilembe kalata?"

Ndati lembani.

"Ndibweretse kwa inu?"

Ndati eya.

"Ndiye inu mukaitani?"

Khanda linayamba kulira, ndinapezerapo mwayi wotuluka. Panja anandiuza kuti mayi Ezelina akukhala kwa mchemwali wawo, chipinda chimodzi anthu asanu ndi awiri. Feliya sadabwererenso kusukulu. Mwendo sudalumikizane bwino.

Pepala la nambala 6 ndabwera nalo, lili m'chikwama. Sindikudziwa chifukwa chake.

Lachitatu, 11 Juni

Hafu pasiti sikisi m'mawa, Th. akusita, kugogoda. A Success. Ndi bambo wamkulu thupi amene kampani imamutuma kukazula zitseko kwa anthu amene ikufuna kuti atuluke. Ndidalembapo ndekha mapepala owatuma, kangapo konse.

Anali ndi tepi yoyezera. "Andituma ndiyeze zitseko za nyumba zonse za kampani."

Anayeza m'litali, anayeza m'lifupi. Anagwada kuyang'ana mahinjesi, akuimba likhweru. Th. anaima ndi simbi m'manja mpaka bulauzi inayamba kununkha. Pochoka anati, "Mawa muli kukhoti, eti? Muyende bwino, achemwali."

Ndafunsa oyandikana nawo mbali zonse ziwiri. Nyumba zawo ndi za kampani yomweyi. Kwawo sanayezeko.

Masana ndinadutsa katatu pa ofesi ya Legal Aid, komwe kuli mayi Rahila, loya wa mayi Ezelina. Dzina lawo lili pa samani. Kachitatu ndinafika mpaka pa sitepe, ndinaona galimoto yoyera ikubwera, ndinapitirira ngati ndikupita ku positi ofesi. Sinali ya a M. n'komwe.

Ndasita diresi la buluu. Mawu ndi amodzi okha: sindikukumbukira. Ndawanena pa galasi kakhumi.

Lachinayi, 12 Juni

A M. anabwera kudzanditenga pa galimoto. Ndinakhala kumbuyo. Anatsegula wailesi, nkhani za mitengo ya fodya mpaka kukhoti.

Pakhonde panali anthu ambiri, ena atafunda zitenje chifukwa cha chisanu. Ndinawaona mayi Ezelina patali, aonda. Pansi pafupi ndi mapazi awo panakhala mwana wa juzi yachikasu, mwendo wamanzere ataupinda cham'kati, pambali pake ndodo ya bulugama yomangidwa mphira wa tayala kunsonga. Ndinayesa kubisala kumbuyo kwa a M. Mwana anandiona.

"Amayi, anti achidindo aja."

Ndidali nditaiwala. Mu Disembala adabwera ndi amake, ndidamupatsa pepala lotha ntchito kuti azidinda pomwe ine ndimalemba m'buku. Adadinda tsamba lonse, mpaka padzanja pake. Lero anandimwetulira ngati tinasiyana dzulo. Amake sanatembenuke.

Anandiitana cha m'ma 11. Kabokosi ka mboni n'kopapatiza, thabwa lakutsogolo lili pamawondo penipeni. Woweruza ndi mayi wa magalasi, salankhula mokweza. Ndinagwira Baibulo. Dzina, zaka, ntchito: zinatuluka bwino.

Mayi Rahila analoza. "Mayi awa mukuwadziwa?"

"Eya."

"Adabwerapo ku ofesi kwanu ndi kalata yodandaula za khoma?"

Panja lole imasintha giya pa msewu waukulu, ndinaimvetsera mpaka itapita. A M. anapinda manja pamimba, akuyang'ana denga. A Haidari kumbuyo kwenikweni. Mawu anga aja anali okonzeka palilime.

"Katatu."

Woweruza anati, "Mboni ikweze mawu, sindinamve."

Apa ndiye panali povuta kuposa poyamba. Koyamba kanangotuluka kokha. Kachiwiri ndinayenera kufuna ndekha. Mpata wosintha unalipo, anandipatsa okha. Ndinagwira thabwa ndi manja onse awiri.

"Adabwera katatu. Novembala, Disembala, Januwale. Ndidalandira ndine, ndidakapereka kwa a Moffat."

Zotsalazo zinangotsatana: pepala la shuga, buku lokulungidwa m'nyuzi, "auze mvula ikatha", foni yanga. Ndinayamba kunenanso za mpeni wa mayi Patuma pa nambala 5. Woweruza anati ndiziyankha zimene ndafunsidwa zokha, komabe ndinawaona akulemba.

Kenako loya wa kampani anaimirira, pepala lija lili m'manja.

"Siginecha iyi ndi ya ndani?"

"Yanga."

"Adakugwirani dzanja posayina?"

"Ayi."

"Ndiye mudanama Lachisanu, kapena mukunama lero?"

"Lachisanu."

"Buku mukunenalo lili kuti? Uthengawo uli kuti?"

"Palibe."

"Munthu wonama Lachisanu, khoti limukhulupirire bwanji Lachinayi?"

Ndati sindikudziwa, bwana. Zoona sindikudziwa.

Woweruza analemba nthawi yaitali. Ati mlandu upitirira pa 3 Julayi, kampani idzabwere ndi bukulo kapena idzafotokoze komwe lidapita. Za pepala limene ndidasayina ati ndi nkhani ina payokha, idzaunikidwa, ndipo ndi bwino ndipeze wondilangiza za malamulo. Mayi Rahila anandinong'oneza potuluka kuti ndipite mawa m'mawa ku ofesi kwawo, 8 koloko.

Panja galimoto ya a M. inali itapita. Foni inalira ndisanatsike sitepe: "Makiyi a ofesi usiye kwa mlonda. M'nyumba utuluke pofika pa 30." Ndabwerera pa "iwe".

Mayi Ezelina anali pansi pa mtengo, awerama, akubereka Feliya. Mwana wamkulu choncho kumsana, miyendo ikulendewera mpaka m'mawondo. Ndinapita. Ndinati pepani, mayi.

Anamanga chitenje pachifuwa asanandiyankhe.

"Mwalankhula. Ndamva." Anamukweza mwana pang'ono. "Koma Januwale uja, mukadangondiuza kuti bwana wakana, ndikadamugoneka mwanayu kwa mchemwali wanga. Inu mudandiuza kuti amisiri akubwera sabata yamawa."

Ndidatero. Ndidawauza choncho kuti achoke pa tebulo, kumbuyo kwawo kudali anthu ena. Zimenezi palibe loya anandifunsa.

Ananyamuka, Feliya atagwira ndodo yake mopingasa pa mapewa a amake.

Ndabwera wapansi. Makiyi ndasiya kwa mlonda. Chitseko ndachipeza chidakalipo.

Thandizo wafika cha m'ma 3. Anaima pakati pa chipinda, chikwama chili kumsana.

"Mwanena chiyani?"

"Zonse."

Anakhala pa bedi osavula chikwama. Ndimadikira kuti alire kapena anditukwane. Ndinamupatsa foni, anawerenga uthenga wa a M. kawiri, milomo ikuyenda. Anaiika pa pilo mosamala.

"Mabuku anga asalowe m'thumba limodzi ndi mapoto," anatero. "Makatoni tikapempha kuti?"

Ndati mwina ku golosale ya a Yassin.

Wavula yunifolomu, wamanga chitenje. Ali panja akundidikira. Sanandiyang'anebe kumaso.